Wa mbalule wa ku Hollywood

Tatsitsako foniyo, mdzukulu wanga. Iyayi, usazimitse, ingoibwezera poyambira. Kanyimbo kameneko wakatenga kuti? Ukuti n'ka ochemerera mpira a ku Mangalande? Ha! Inu mwakadziwira pa mpira, koma ine ndidakadziwira m'kachipinda kotentha ngati ng'anjo, kuseri kwa holo ya kanema, amayi ako asanabadwe n'komwe. Aitane anzako ali kukhitchiniwo, mubwere ndi mphasa. Iyi si nthano ya padangokhala, choncho musavutike n'kuyankha kuti tili tonse. Munthu amene ndikuuzeni lero adalikodi, dzina lake Elmer Bernstein. Sindidamuonepo ndi maso, iyenso adamwalira osadziwa kuti kunja kuno kuli ine, komabe ndimati ndidagwira naye ntchito zaka zambiri.

Ndidalowa ntchito ya kanema ku Blantyre ndili kamnyamata, dziko litangolandira ufulu mu 1964. Poyamba ndinkangosesa makoko a mtedza pansi pa mipando ndi kunyamula zitini. Inde, zitini, chifukwa filimu ya masiku amenewo siinkakwana m'thumba ngati zanuzi. Inkabwera m'zitini zachitsulo zozungulira, mpukutu uliwonse wa mphindi ngati 20, ndipo makina oonetsera adali awiri. Mpukutu ukamatha, pakona ya kumwamba kwa chinsalu pankaphethira kadontho, iwe n'kuyatsa makina enawo mwachangu kuti oonera asazindikire kuti mwasintha. Amene ankandiphunzitsa adali mdala wina wosakonda zoyankhulayankhula. Tsiku lina adakweza filimu padzuwa n'kundilozera kamzere ka m'mphepete, kokhala ngati mano a sowo. Adati mawu onse ali m'menemo, kulira kwa mfuti, kuseka kwa mkazi, malipenga ndi ng'oma. M'makinamo mudali kababu kakang'ono kounikira kamzereko, ndipo kuwala kwake ndi kumene kunkasanduka mawu.

Loweruka lina madzulo tinkaonetsa The Magnificent Seven, holo itadzaza mpaka ena kukhala m'makwerero. Idafika pamene amuna aja akwera akavalo ulendo wa ku mudzi wa ku Mexico, pamene nyimbo imadzuka ndi mphamvu, basi kababu kaja kadapsa. Zii! Zithunzi zikuyenda, mawu kulibe. Mdala uja akufufuza kababu kena m'kabati, ine ndidasuzumira pakawindo, ndipo zimene ndidaona zidandidabwitsa. Filimuyo ndidali nditaionera kambirimbiri, ndipo ndikadalumbira kuti pamenepo akavalo amathamanga. Bodza. Ankangoyenda mwa ndawala, nthawi zina n'kumangokwawa ngati abulu opita ku chigayo, okwerawo ali dwii, fumbi lokhalokha. M'holo mudabuka phokoso, ena kumenya mipando, ena kukuwa kuti tibweze ndalama. Kenaka kutsogolo kwenikweni, kumipando yotchipa, mnyamata wina adayamba kuimba nyimbo ija ndi mluzu. Wina adalandira, enanso n'kumaomba m'manja ndi kuponda pansi, mpaka holo yonse. Ana inu, ndikukuuzani, akavalo aja adayambanso kuthamanga.

Usiku womwewo anthu atatuluka ndidatenga mpukutu woyamba n'kumaunika mayina ndi tochi mpaka ndidalipeza la mwini nyimbo. Kuyambira pamenepo, filimu ikafika ndinkayamba ndafunafuna dzina limeneli. Zambiri za moyo wake ndidadzazidziwa nditakula, kuchokera m'timabuku tobwera ndi zimbale zimene amalume anu a ku Leeds ankanditumizira.

Inu mwaonerapo gule kumudzi. Anthu onse maso amakhala pa chilombo chimene chikutimba fumbi pabwalo. Koma tsiku lina mudzayang'ane wa mbalule. Iye sayang'ana anthu, maso ake amakhala pa miyendo ya chovinacho. Chikaponda iye waponda, chikatembenuka watembenuka nacho, ndipo nthawi zina ndiye amachikoka kuti chifulumire osadziwa mwini wake. Gule akakoma, ndalama zosupa zimagwera kwa wovina. Ntchito ya Bernstein idali imeneyi, kungoti bwalo lake lidali chinsalu, ndipo ng'oma yake idali gulu la oimba makumi angapo.

Adabadwa pa 4 April 1922 mumzinda wa New York. Makolo ake adali Ayuda ochokera kum'mawa kwa Ulaya, mayi ake a ku Ukraine. Musamusokoneze ndi Leonard Bernstein, katswiri wina wa nyimbo wa nthawi yomweyo. Sadali pachibale, ndipo pofuna kuwasiyanitsa anthu ankati uyu ndi Bernstein wa kumadzulo, Leonard ndi wa kum'mawa. Ali mwana adayesa zambiri, kuvina, masewero, kujambula, koma piyano ndiyo idamugwira. Ali ndi zaka 12 adayamba kuphunzira kwa mayi wina dzina lake Henriette Michelson, amene ataona kuti mwanayu amapeka tinyimbo takem'mutu, adamutengera kwa Aaron Copland, mkulu wa opeka nyimbo ku America. Copland adamvetsera, n'kumusankhira mphunzitsi, Israel Citkowitz. Dzina la Copland mulisunge, tibwererako.

Mnyamatayu ankalota zokhala woimba piyano m'maholo akuluakulu, koma nkhondo ya Hitler idamupatutsa. Adalowa usilikali, ndipo kumeneko adapatsidwa ntchito yopeka nyimbo zoperekeza masewero a pawayilesi ya asilikali. Ndiko adaphunzirira kulemba mwachangu, ndiponso kulemba nyimbo yoti isapikisane ndi woyankhula. Nkhondo itatha, ntchito za pawayilesi zomwezo zidamutsegulira khomo la ku Hollywood. Filimu yake yoyamba idali Saturday's Hero ya 1951, ndipo chaka chotsatira Sudden Fear idachititsa akuluakulu kufunsana kuti mnyamata ameneyu ndi wa kwa yani.

Mwina mukuganiza kuti oimba amakhala pambali pamene filimu ikujambulidwa. Ayi. Wopeka nyimbo amabwera pomalizira, ngati mchere. Filimu ikatha kulumikizidwa, amakhala pansi ndi mwini wake n'kumagwirizana kuti nyimbo ilowa apa, ituluka apo, apa pakhale chete. Wina amayeza nthawi ya chigawo chilichonse mpaka kachidutswa ka sekondi, poti pa sekondi imodzi pamadutsa zithunzi 24. Wopeka uja amapita kukalemba, masabata ochepa okha, kenaka n'kudzaima patsogolo pa oimba, chinsalu chili kumbuyo kwawo, iye maso ali pachinsalupo, kamtengo kali m'manja. Chitseko chikamatsekeka pa chithunzi, ng'oma igwe pomwepo. Mwaona wa mbalule uja?

Koma zinthu zitangoyamba kukoma, mphepo idatembenuka. M'zaka zimenezo America idagwidwa ndi mantha a chikomyunizimu, nthawi imene amaitchula ndi dzina la Joseph McCarthy. Komiti ina ya aphungu inkaitana anthu a ku Hollywood n'kumawafunsa za misonkhano imene adapitako ali anyamata, ndipo njira yodzipulumutsira idali kutchula mayina a anzako. Mlandu wa Bernstein udali woti adalembako nkhani za nyimbo m'nyuzipepala ya achikomyunizimu. Iye sadatchule munthu. Sadamumange, sadamuthamangitse poyera, koma makampani akuluakulu adangosiya kumuitana. Ife amene tidakhalapo m'zaka zimene munthu unkayamba wacheuka usanayankhule, matenda amenewa timawadziwa. Palibe amakuuza kuti walakwa. Umangoona amene unkadya nawo akuwoloka msewu akakuona.

Banja lidali lofunika kudya, choncho adagwira ntchito iliyonse yopezeka. Mu 1953 adalembera nyimbo mafilimu awiri otchipa kwambiri, Cat-Women of the Moon ndi Robot Monster. Yachiwiriyi mpaka lero anthu amaionera kuti aseke. Chilombo choopsa chochokera kumwamba chidali munthu wovala chikopa cha chinyani chachikulu, kumutu atavala chisoti cha osambira pansi pa nyanja. Paja amati ukaipa dziwa nyimbo. Filimuyo idaipadi, koma nyimbo idali nayo, chifukwa Bernstein adailemba ngati akulembera mfumu. Wa mbalule weniweni safooketsa dzanja poti chovina n'chopanda luso. Adagwirakonso ganyu yoimbira piyano anthu oyeserera magule a m'filimu, munthu amene adayesedwa ndi Copland.

Womutulutsa m'dzenjemo adali munthu amene palibe akadamuganizira. Cecil B. DeMille adali nkhalakale ya ku Hollywood, wodana ndi chikomyunizimu kotheratu, ndipo ankakonza filimu yake yaikulu, The Ten Commandments. Imeneyi ndiye mukuidziwa, ya Mose ija, Charlton Heston atakweza ndodo, nyanja n'kugawikana. Nyimbo zake zidayenera kulembedwa ndi Victor Young, mnzake wakale wa DeMille, ndipo Bernstein adangoitanidwa kuti alembe za magule a kunyumba ya Farao. Young adadwala, n'kulephera kusenza katunduyo. Bernstein mwini ankafotokoza kuti DeMille adamuitana n'kumufunsa maso ndi maso ngati adali wachikomyunizimu, iye n'kukana, mkuluyo n'kumukhulupirira. Motero mnyamata wa zaka za m'ma 30, amene dzana ankaimbira chinyani cha chisoti, adapatsidwa filimu ya maola atatu ndi mphindi 40.

Apa mpamene pali phunziro limene adayenda nalo moyo wake wonse. Pa chigawo chimene Aisraeli akutuluka mu Ejipito, chikhamu cha anthu, nkhalamba, ana, ngamila, nkhosa, onse ali pang'onopang'ono, Bernstein adalemba nyimbo yodekha, yolemera ngati ya m'tchalitchi, poti ndi mmene chithunzi chinkayendera. DeMille adaikana. Adati chigawocho chidatuluka chochedwa kale, ndipo nyimbo yochedwa ichichedwetsanso, choncho alembe yachangu. Mnyamatayo adakayika, poganiza kuti makutu ndi maso zikangana. Adalembabe, ndipo ataiika pa chithunzi, khamu lija lidaoneka ngati lanyamuka ndi chimwemwe. Mawu a akulu akoma akagonera. DeMille adamwalira mu 1959, ndipo chaka chotsatira wophunzira wake adagwiritsa ntchito nzeru ija pa akavalo anga aja.

Ndisanafike kumeneko, pali ina imene idatuluka mu 1955, The Man with the Golden Arm. Frank Sinatra adasewera ngati munthu wogawa makadi a juga, kapolo wa mankhwala ozunguza bongo, amene ankalakalaka kukhala woimba ng'oma za jazi. Nthawi imeneyo nyimbo za m'filimu zinkamveka ngati za m'maholo a ku Ulaya, mavayolini okhaokha. Bernstein adalowetsamo jazi wa m'misewu, malipenga okuwa ngati munthu wolumidwa ndi chibaba, ndipo adaitana akatswiri enieni a jazi, Shorty Rogers wa lipenga ndi Shelly Manne wa ng'oma. Ndi imene idamulowetsa koyamba pa mndandanda wa opikisana pa mphoto ya Oscar. Tangoganizani, pafupifupi nthawi imodzi munthu mmodzi akulembera Mose pa phiri la Sinai ndi chidakwa cha m'mabala a ku Chicago.

Tsono The Magnificent Seven ya 1960. Nkhani yake adaibwereka ku Japan, kwa Akira Kurosawa, amene mu 1954 adakonza Seven Samurai. John Sturges adaisamutsira ku Mexico. Alimi osauka atopa ndi chigawenga Calvera chimene chimabwera ndi gulu lake kudzalanda zokolola, ndiye asonkherana kangachepe n'kukalemba amuna asanu ndi awiri odziwa mfuti. Munali Yul Brynner wa mpala uja, Steve McQueen, Charles Bronson, James Coburn ndi ena. Kwathu kuno nkhani ya nkhokwe yolandidwa siinkafunika womasulira, n'chifukwa chake holo inkadzaza. Bernstein ataionera isanakhale ndi nyimbo adaona chomwe ndidadzaona ine pakawindo paja, kuti ikuyenda mochedwa. Adakumbukira DeMille, adakumbukiranso Copland, amene adali atasonyeza kale mmene chigwa chotakasuka cha America chingamvekere m'nyimbo, n'kuthiramo kagundidwe ka ku Mexico. Oscar sadapate, idapita kwa Ernest Gold wa filimu ya Exodus. Koma nyimboyo idathawa m'filimu n'kuyamba moyo wakewake. Kampani ya fodya wa Marlboro idaigwiritsa ntchito kutsatsira malonda zaka zambiri, ndipo kuno anyamata ankaiimba ndi mluzu pokankha njinga pa chitunda, osadziwa mwini wake.

Atatero, Hollywood idamumata chizindikiro. Dzulo ankati ndi wa jazi, kenaka wa za m'Baibulo, tsopano wa makawuboyi. John Wayne yekha adamulembera mafilimu angapo, kuyambira The Comancheros ya 1961, kudzera True Grit ya 1969, mpaka yomaliza ya Wayne, The Shootist ya 1976. Koma mwana wa ng'ona sakulira dziwe limodzi, ndipo mukandifunsa ine, ntchito yake yoposa zonse ilibe kavalo ngakhale mmodzi.

Imeneyo ndi To Kill a Mockingbird ya 1962. Gregory Peck ndi loya wa m'katauni ka ku Alabama, woimira munthu wakuda amene amunamizira mlandu wogwirira mkazi wachizungu. Nkhani yolemera, ya tsankho ndi chisalungamo. Wina akadaiunjikira malipenga kuti tilire mokakamiza. Bernstein adakhala masabata osalemba kanthu, mpaka adazindikira kuti nkhani yonseyo ikuonedwa ndi maso a ana a loyayo. Adadzifunsa kuti mwana akapeza piyano amaiimba bwanji. Amagunda ndi chala chimodzi, apa, kenaka apo. Nyimbo yake imayamba choncho, piyano yokha ngati madontho a mvula yoyamba padenga, kenaka chitoliro, kenaka zingwe zikubwera mwakachetechete. Pa chinsalu pamaoneka manja a mwana akutsegula kabokosi ka chuma chake, makrayoni, wotchi yakale, timipira tagalasi. Iwe amene uli ndi chitini cha zitsekerero za mabotolo pansi pa bedi, usaganize kuti sindichidziwa, nyimbo imeneyo adalembera iweyo. M'kachipinda kathu kaja makina ankachita phokoso, koma ikafika imeneyi ndinkakanikiza khutu pakawindo.

Kanyimbo ka pafoni yakoko n'ka chaka chotsatira, 1963, m'filimu ya The Great Escape. Ochemerera mpirawo mwina ena sadziwa kuti nkhani yake ndi yoona ndipo ndi yachisoni. Mu 1944 asilikali ogwidwa pa nkhondo adakumba ngalande pansi pa mpanda wa ndende ya Ajeremani, 76 n'kutuluka usiku umodzi. Atatu okha ndiwo adathawiratu. Enawo adagwidwanso, ndipo 50 adawomberedwa. Nanga bwanji nyimbo yake ili yosangalala chonchi? Chifukwa ndi nyimbo ya makani, ya munthu amene wamangidwa koma akukana kuweramitsa mutu. Munthu amene adakana kutchula anzake uja ankawadziwa makani amenewa.

Adalembanso za pa wayilesi ya kanema, koma zimenezo ife kuno zidatidutsa, poti wayilesi ya kanema yathuyathu idayamba mu 1999. Abale athu a ku Kitwe ndi ku Salisbury, kumene idafika kale m'ma 1960, ndiwo ankabwera kudzatisimbira. Mu 1959 adalemba za Johnny Staccato, sewero la wofufuza milandu woima payekha amenenso ankaimba piyano ya jazi, ndi za Riverboat. Adalandira mphoto ya Emmy chifukwa cha nyimbo za The Making of the President 1960, yofotokoza chisankho chimene John Kennedy adapambana. Ndipo malipenga aja otsegulira mafilimu a National Geographic, a mikango ndi njovu amene mumakonda aja, ndi akenso. Ya pa wayilesi ya kanema ndi ntchito ina. Ulibe maola atatu, uli ndi kamphindi koti munthu ali kubafa amve n'kudziwa kuti pulogalamu yake yayamba.

Kumwera kuno nyimbo zake zidafikako kawiri. Mu 1974 kudatuluka Gold, ya Roger Moore, yojambulidwa m'migodi ya ku South Africa, yonena za madzi osefukira m'mgodi. Chaka chimenecho n'chomwe ndege ya Wenela idagwa ku Francistown n'kupha anthu a kwathu oposa 70 pobwerera kumudzi, ulendo wa ku Joni n'kuimitsidwa. Agogo anu aakulu, achimwene anga, adagwirako m'migodi, ndipo nditawaonetsa filimuyo adangoti nyimbo n'zokoma, koma pansi pamene iwo ankatsika padalibe woimba. Mu 1979 adalembanso za Zulu Dawn, ya nkhondo ya ku Isandlwana ya 1879, pamene Azulu a mfumu Cetshwayo adagonjetsa asilikali a Mangalande.

Za Oscar musandifunse, zimandiseketsa. Adalowa pa mndandanda ka 14, n'kupata kamodzi kokha, pa Thoroughly Modern Millie ya 1967, kafilimu kanthabwala kamene anthu ambiri sakakumbukira n'komwe. Ya Mose sadamuikepo ngakhale pa mndandanda. Osupa pabwalo ndi otero, ndalama siigwera nthawi zonse pamene gule wakoma.

M'ma 1970 dzuwa lidapendekanso. Eni mafilimu adaona kuti kuika nyimbo zotchuka za achinyamata kumagulitsa zimbale, ndipo magulu akuluakulu a oimba adayamba kuchepa ntchito. Bernstein sadakhale pansi n'kumadandaula. Monga mtsogoleri wa bungwe la opeka nyimbo, mu 1972 adatsogolera anzake kukasumira makampani a mafilimu, pofuna kuti wolemba nyimbo akhale ndi gawo pa nyimbo yake, poti kampani ndiyo inkatenga zonse. Adatenganso ndalama za m'thumba mwake n'kuyamba kujambula mwatsopano nyimbo za akuluakulu amene adamutsogolera, a Max Steiner, a Miklós Rózsa, a Franz Waxman, a Bernard Herrmann, kuti zisafere m'zitini. Zili ngati mwana amene akulambula manda a makolo pamene ena onse athamangira ku tauni.

Kenaka thandizo lidachokera kwa mwana. John Landis adali mnzake wa mwana wake Peter kuyambira ali aang'ono, ankasewera pakhomo pake. Atakula n'kuyamba kukonza mafilimu, mu 1978 adapempha bambo a mnzakewo kuti alembe nyimbo za filimu yanthabwala, Animal House, koma azilembe ngati nkhaniyo ndi yolemekezeka, osasekako. Zidatheka, chifukwa nthabwala imakoma woinenayo akaumitsa nkhope. Mwadziwa kale chidatsatira. Chizindikiro china, tsopano ndi wa zoseketsa. Airplane! mu 1980, Trading Places mu 1983, Ghostbusters mu 1984. Ngakhale mu kanema wa Michael Jackson wa Thriller, nyimbo zoopsa zija zomveka Jackson asanayambe kuimba ndi za mdala yemweyu. Muzisamala mmene mumachitira ndi anzawo a ana anu, simudziwa adzakulembani ntchito ndani.

Atatopa nazo zoseketsa adazisiya dala, n'kubwerera ku nkhani zolemera, monga My Left Foot ya 1989. Martin Scorsese adamuitana mu 1991 kuti akonzenso nyimbo zakale za Herrmann m'filimu ya Cape Fear, kenaka The Age of Innocence mu 1993. Koma ngakhale nkhalamba yolemekezeka imalawa zowawa. Nyimbo zimene adalembera Gangs of New York, ya Scorsese yemweyo, zidaikidwa pambali osagwiritsidwa ntchito. Chaka chomwecho cha 2002, ali ndi zaka 80, kudatuluka Far from Heaven, filimu yokonzedwa dala kuti ioneke ngati ya m'ma 1950. Ankafuna wodziwa kulemba ngati a nthawi imeneyo, ndipo adapeza mwini nthawiyo akadali moyo. Idamulowetsa pa mndandanda wa Oscar komaliza. Adamwalira pa 18 August 2004 ku Ojai, m'chigawo cha California, ali ndi zaka 82, atalemba nyimbo za mafilimu oposa 150.

Pamene ankamwalira, holo yathu idali itatsekedwa kalekale, mavidiyo atatilanda anthu. Koma pali chizolowezi chimodzi chimene ndidachisunga mpaka tsiku lomaliza. Filimu ikamatha anthu ankadzuka kuthamangira pakhomo, ndipo anzanga ena ankazimitsa makina pomwepo kuti akapeze basi. Ine ndinkadikira mpaka lipenga lomaliza litazirala, ngakhale m'holo mutatsala ine ndi makoko a mtedza. Pagule suchoka wa ng'oma asanatsitse manja.

Tabwezeranso kanyimbo kaja tsono. Kweza pang'ono. Musamvere pamwamba pokha pamene aliyense amaimba ndi mluzu. Tcherani khutu pansi pake. Mwachimva chilipenga chachikulu chija, chikuyenda pang'onopang'ono ngati mkulu wonenepa wokwera chitunda? Ndi chimene chanyamula nyimbo yonseyo. Eya, chimenecho. Ikatha muitane amayi anu, nsima yazizira.